Tsiku Limene Anaiwala Kudzutsa a Tong

Mukanakumana ndi a Mok Yiu-tong pa msika wa nsomba, dzanja lanu likanathamangira lokha kuthumba la ndalama. Nkhope yawo inali yotero: masaya olowa, mphuno yokhotera kumanzere, timaso tosaphethira. Chonsecho munthuyo sanabepo ngakhale singano. Mphunoyo inathyoka ali mwana, m'gulu la zisudzo loyendayenda m'midzi kumene bambo awo anakawasiya atalephera kuwadyetsa. Kuimba kunawakanika, kuvina nakonso, koma kugwa anakuphunzira mpaka kukutha. Ankagwa chagada, chafufumimba, kuchokera patebulo, kuchokera padenga, n'kudzuka osabuula n'komwe.

Gululo litabalalika anawolokera ku Hong Kong n'kulowa m'mafilimu a ndewu. Musaganize za makampani aja okhala ndi mpanda ndi mlonda pageti, ayi. A Tong, poti ndi mmene tonse tinkawatchulira, ankagwira kwa anthu amene kampani yawo yonse inkakwana m'galimoto imodzi: kamera yobwereka, malupanga a malata, ndi bwana wotukwana. Filimu ankaiyamba mwezi ukaoneka, mwezi usanathe anthu akuionera kale. M'filimu yotere ngwazi imafuna anthu oti iziwapha kuti ioneke ngwazi, ndiye ntchito ya a Tong inali imeneyo. Ankafa.

Anafa ndi lupanga, anafa ndi mpeni wodulira nkhumba, anaponyedwa pawindo, anamizidwa m'mbiya ya mowa. Mafilimu a malupanga atatha fasho n'kubwera a mfuti, anzawo ambiri anasowa ntchito, koma iwo anangosintha malaya n'kupitiriza kufa. Nkhope yawo mzinda wonse unkaidziwa, dzina lokha palibe ankalidziwa, chifukwa pa zikwangwani sankalilemba. Ana akawaona m'basi ankatsinana. "Si uja anamubaya dzana uja? Wadzukanso!" Mawu oti ayankhule sankapatsidwa. Zaka zonsezo mawu awo anali "Aaa!" basi, ndipo kawirikawiri ngakhale kukuwa kumeneko ankadzakuikamo pambuyo pake munthu wina wa mawu abwino.

Anzawo a ntchito ankadziwa kuti luso la a Tong silinali pa kugwa kokha, linali pa kugona. Magazi a m'filimu ankawapanga ndi madzi a shuga owiritsa osakaniza ndi utoto wofiira, ndiye munthu ukagona nawo padzuwa nyerere sizichedwa kumva. Zinkabwera pamzere, kukwera m'khosi, kulowa m'khutu, a Tong osagwedeza ngakhale nsidze. Khalidweli linali ndi pochokera. Ali mnyamata anadzutsapo mutu poganiza kuti amaliza kujambula, pomwe kumbuyo kwawo kunkapsa nyumba imene kampaniyo sikanatha kuimanganso. Bwana wa filimuyo anawamenya mbama pamaso pa anthu onse. Kuyambira tsiku limenelo analumbira kuti akafa afa, sadzadzukanso okha mpaka wina abwere kudzawagwira paphewa.

Wowagwirayo anali a Ngan, amene onse ankawatchula achemwali, mayi wamfupi wosakwatiwa amene ankasunga zovala ndi zipangizo. Dziko lonse litasinthira ku nsapato za pulasitiki iwo anakakamirabe nsapato zawo za matabwa, moti munkawamva asanafike: kho, kho, kho. Mwambo wa m'mafilimu ndiwo ankausunga. Munthu akasewera wakufa sapita kwawo chimanjamanja. Amapatsidwa kaenvulopu kofiira, mkati muli kandalama kachitsulo, ndipo ayenera kugulira chotsekemera n'kudya asanaponde pakhomo pake. Kandalamako sikangagule ngakhale mbale ya mpunga. Nkhani ndi yoti zija zimayenda pakati pathu osaonekazi zidziwe kuti uyu ndi wamoyo, amangosewera, zisamutenge ngati mnzawo. Ndiye bwana akakuwa kuti zakwana, ena onse akusasa fumbi, a Tong ankagonabe phee, kumvetsera. Kho, kho, kho. Dzanja paphewa, kaenvulopu m'manja.

"Achimwene a Tong, zatha. Dzukani, kwanu akukudikirani."

Mawu ake anali omwewo tsiku lililonse, kampani iliyonse, pakuti aliyense wofuna kuwalemba ntchito a Tong ankamuuziratu kuti popanda a Ngan iwo safa.

Kandalamako ankagulira maswiti awiri a kokonati pa kaokala ka pansi pa nyumba yathu yosanja. Imodzi ankadyera pa masitepe, inayo ankapititsira mwana wawo mmodzi yekhayo, Lai-sim. Mwanayu ali wamng'ono mayi ake, a Sau-kuen, analakwitsa kumutengera ku kanema. Ataona lupanga likulowa m'mimba mwa bambo ake analira mpaka kukomoka, ndipo kunyumba anakana kuwayandikira, ankati ndi mzukwa. A Tong anamasula switi n'kuitafuna iye akuona. "Taona, wakufa amadya switi ngati? Ina iyi, tenga." Zinakhala choncho mpaka Lai-sim anakula n'kuyamba ntchito yosoka kufakitale. Bambo ake akamalowa ankangotambasula dzanja osadzutsa n'komwe mutu.

"Lero mwafa bwanji, ababa?"

"Moipa, mwanawe. Andigubuduza pa masitepe, kenako galimoto."

"Pepani. Bweretsani switi yanga."

Chaka chimene imvi zinagwira mutu wonse wa a Tong, Lai-sim anapeza mwamuna, mwana wa banja la a Kan ogulitsa nsomba zouma. Ukwati anauika mwezi wachisanu ndi chitatu, ukangodutsa mwezi wa mizimu, umene akufa amabwera kudzayenda pakati pa amoyo, poti m'mwezi wa mizimu ndani angakwatitse mwana? Tsiku lokambirana, m'nyumba ya tiyi, mayi a mnyamatayo anawayang'ana a Tong nthawi yaitali, kenako anaika kapu pansi.

"Asebele, ndisakubisireni kanthu. Ine ndinakuonani Loweruka akukudulani khosi, Lachiwiri ndakuonaninso mukuyandama padoko. Ntchito ndi ntchito, sindikunyoza. Koma mwana wanga adzagwada pamaso panu kukupatsani tiyi. Chonde, mpaka ukwati udutse, musafe."

Anthu anaseka, a Tong nawonso anaseka, n'kulonjeza. Kulonjezako sikunawavute. Pa moyo wawo wonse panalibe chimene ankachiyembekezera ngati m'mawa umenewo: kukhala pampando atavala jekete, mwana wawo atagwada, kapu ili m'manja awiri, akunena kuti ababa imwani tiyi. Bambo wamoyo amalandirira tiyi pampando. Womwalira amamuthirira pa kaguwa ka makolo kamene kamakhala pakhoma, pafupi ndi chithunzi chake. A Tong anali atagona pansi mokwanira, ankafuna mpando.

Ndiye kunabwera bwana Szeto, munthu amene anawapha a Tong m'mafilimu ambiri kuposa wina aliyense. Anawapeza akumetetsa tsitsi.

"Madala, ndili ndi imfa imodzi yokha, ya m'mawa. Dzuwa lisanakwere mwabwerako."

"Ndinawalonjeza asebele, bwana. Komanso mwezi uno ndi wa mizimu, mukudziwa."

"Aaa, mwezi, mwezi! Kamera imadziwa mwezi? Tamvani kaye. Imfa iyiyi ili ndi mawu."

A Tong anamukodola wometa uja kuti ayambe waima.

"Mawu anu, pakamwa panu, palibe wokuikirani. Ndinu mkulu wa zigawenga, mnyamata amene munamulera nokha wakubayani. Mukumuyang'ana kumapazi, mukuti: Mwana iwe, manga zingwe za nsapatozo, ulendo ngwautali. Kenako mukugwa. Dzina lanu pa chikwangwani, ndalumbira."

Chakomachakoma pusi anagwa chagada. Munthu amene wakhala chete zaka makumi atatu mumupatse mawu oti ayankhule, muone ngati angakumbukire asebele! A Tong anafunsa chinthu chimodzi chokha, ngati achemwali a Ngan adzakhalepo, bwana Szeto n'kuyankha akuyang'ana kumbali kuti angalephere bwanji. Kunyumba sananene kanthu. Masiku otsatirawo ankayenda m'mbali mwa doko akubwereza mawu aja chapansipansi.

Anakajambulira m'kanjira ka kuseri kwa nyumba zosungiramo katundu, popanda chilolezo cha apolisi monga mwa nthawi zonse. A Tong atavala anaunguza uku ndi uku. "Achemwali ali kuti?" Wina anati apita kukagula maenvulopu, akubwera pompano. Anawathira magazi pachifuwa, kamera inayamba kulira, mnyamata anabaya. A Tong anayang'ana nsapato za mnyamatayo n'kunena mawu awo. Anawanena bwino, anamva okha kuti awanena bwino. Kenako anagwa cham'mbali, tsaya pa simenti.

Nthawi yomweyo kunalira wezulo kumapeto kwa kanjirako. "Apolisi! Nyamulani kamera!" Kunamveka mapazi, zitseko za galimoto, injini, kenako zii. Palibe anakuwa kuti zakwana.

A Tong anagonabe. Zoterezi zinachitikapo kangapo, ndipo a Ngan ankabwerera nthawi zonse, ngakhale wapansi. Anamva nsapato za apolisi awiri zikubwera, anakonzeka kutukwanidwa. Nsapatozo zinafika, imodzi inaponda pafupi ndi mphuno yawo, n'kudutsa. Apolisiwo ankakambirana za mpikisano wa mahatchi. Sanaime, sanatsitse n'komwe mawu.

Dzuwa linakwera. Apa ndi pamene a Tong anazindikira chinthu chachilendo: nyerere sizinabwere. Diso limodzi linali lotsegula pang'ono, ndiye ankaziona bwinobwino. Mzere wake unkatsika m'mbali mwa khoma, kufika pamene magazi a shuga aja anayenderera, n'kukhota kuwalambalala.

Chakumasana kunabwera mayi wina wachikulire atanyamula chitini ndi mtolo wa mapepala, kudzadyetsa mizimu yopanda abale monga amachitira anthu mwezi umenewo. Anayatsa lubani, anawotcha mapepala, anatulutsa kambale ka mpunga ndi malalanje. Anaika pati? Patsogolo pa nkhope ya a Tong penipeni, n'kuzika timitengo todyera choimika mumpungamo. Phulusa linawagwera patsaya. Mayiyo sanakuwe, sanathawe. Anawerama katatu n'kunong'ona kuti, "Idyani mupite, musativute." A Tong anali asanalawe kanthu chiyambire m'mawa. Fungo la mpunga ndi lubani linalowa m'mphuno, ndipo anamva njala ikutha, mimba ikudzaza ngati adya mbale ziwiri. Apo mantha anawagwira zenizeni. Mayiyo atangochoka anaphwanya lumbiro lawo la zaka zonse, anadzuka okha, popanda dzanja paphewa, popanda envulopu. Malaya anawachapa pa mpopi wa m'mbali mwa msewu n'kuwavala onyowa.

Pa kaokala ka maswiti anaima, anatulutsa ndalama yawoyawo, anaitana kawiri katatu. Mwini kaokala anayang'ana pamalo pamene anaimapo, kenako anatembenukira kwa munthu wina. A Tong anakwera masitepe chimanjamanja. Mwayi wake Lai-sim sanatambasule dzanja, poti ankadziwa kuti bambo ake analonjeza.

Zinayamba pang'onopang'ono. M'nyumba ya tiyi imene anamwamo zaka zambiri, woperekera ankadutsa tebulo lawo ndi ketulo mpaka a Tong amenye patebulo. Akatero ankadzidzimuka. "Ha, madala, mwalowa nthawi yanji?" Akathira tiyi n'kutembenuka, waiwalanso. M'basi munthu wina anafuna kuwakhalira pamiyendo. Galu wa mlonda wathu, amene ankawanyambita manja, anayamba kulowa pansi pa benchi akawaona. Chakudya chonse chinasanduka zii, kaya nsomba ya mchere kaya tsabola, koma akadutsa pakhomo pamene pakufuka lubani ankakhuta. Tsiku lina a Sau-kuen anaika patebulo mbale ziwiri, yawo ndi ya mwana, n'kuyamba kudya amuna awo atakhala pomwepo. Atadzutsa maso anagwetsa timitengo.

"Bambo a Lai-sim! Mayo ine, ndaiwala bwanji mbale yanu?" Anathamangira kukaitenga.

A Tong anapita ku ofesi ya bwana Szeto n'kupeza chitseko chokhoma, dzina la kampani atalichotsa kale, poti makampani oterowo amafa limodzi ndi filimu yake. Pobwerera anadutsa pa nyumba ya kanema. Chikwangwani chinali chitamatidwa, ndipo m'munsi mwenimweni, m'tizilembo tating'ono, munalidi Mok Yiu-tong. Anaima n'kuliyang'ana dzinalo, kudikira kuti mtima usangalale, koma sanamve kanthu. A Tong anadzawapeza bwana Szeto tsiku lina akudya pa kanyumba ka zakudya ku Mong Kok, ndipo anachita kuwagwira mkono kuti awaone. Bwana uja anatuwa.

"Madala! Tinabwerera, ndithu tinabwerera madzulo ake, sitinakupezeni."

"Achemwali a Ngan ali kuti? Andidzutse, ukwati wayandikira."

Bwana Szeto anapukuta pakamwa nthawi yaitali. "Achemwali anali m'chipatala pamene ndinkabwera kwa inu paja. Anatisiya m'mawa womwe uja tinkajambula. Nanga ndikanakuuzani mukanabwera? Filimu ikanatha bwanji?"

A Tong sanatukwane, mphamvu yotukwanira analibe. Bwana uja anapempha envulopu yofiira kwa mwini malowo, anaponyamo kandalama, anawagwira paphewa akuseka kuseka kwa mantha. "Zatha, madala, dzukani." Anathamanga okha kukagula switi. A Tong anaitafuna, inali ngati choko.

"Mwina poti mwaima kale," anatero bwana Szeto. "Tagonani pansipa, tichite bwinobwino."

A Tong anayang'ana pansipo, simenti yonyowa ya mafuta, ndipo thupi lonse linawakoka kuti agone, mokoma ngati tulo ta masana. Anadziwa kuti akagona sadzukanso. Anatuluka osatsanzika.

Tsiku lomwelo, masanasana, akukwera masitepe a kwathu, anamva kumunsi: kho, kho, kho. Anaima, nazonso zinaima. Chodabwitsa n'chakuti mtima wawo unasangalala, kwa nthawi yoyamba chichokereni m'kanjira muja. A Ngan sanasiyirepo ntchito panjira. Ayenera kuti anapita kukanjira kuja, sanawapeze, ndiye akuwatsata.

Anaulula zonse kwa akazi awo. A Sau-kuen anayamba ndi kulalata. "Inu bambo inu, imvi zonsezi nzeru mulibe? Kugulitsa ukwati wa mwana chifukwa cha zingwe za nsapato!" Kenako analira. Koma atamva za nsapato za matabwa anasiya kulira n'kuwagwira malaya pachifuwa.

"Mukuti mukufuna akudzutseni? Akudzutsireni kuti? Munthu amadzutsira mnzake kumene iyeyo ali. Akakuitanani musayankhe, musatembenuke, musaimirire. Mwandimva?"

"Mayi a Lai-sim, zaka zonsezi akaitana ndimadzuka. Thupi limadzuka lokha."

"Ndiye ulendo uno likhale pansi."

A Sau-kuen anawasambitsa madzi a masamba a manyumwa, anawalumphitsa moto pakhomo, anawamanga ulusi wofiira pamkono, zonsezo mwana ali ku ntchito kuti asadziwe. Sizinaphule kanthu. Mwezi wa mizimu unatha, anthu anasiya kuwotcha mapepala m'misewu, koma nsapato zija sizinabwerere kwawo. Tsiku lililonse zinkamveka zitakwerako kuposa dzulo.

M'mawa wa ukwati m'nyumba munadzaza, anthu mpaka m'khonde. A Tong anavala jekete n'kukhala pampando wawo molawirira, kuopa kuti wina angauchotse. Sanalakwe. Mayi wotsogolera mwambo, mmodzi wa olongolola aja amalembedwa ganyu pa maukwati, anayang'ana mipando iwiriyo n'kufunsa, "Nanga uwu ngwa ndani? Abambo ake a mkwatibwi tiwathirira pakhoma eti? Chithunzi chawo chili kuti?" N'kuyamba kuukoka mpandowo, munthu ali pomwepo.

"Usiyeni!" anakuwa a Sau-kuen. "Abambo ake ali pompo, simukuona?"

Mayi uja anaphethira, anaseka, anapepesa, anati ndi kutopa. Anaitana akwati kuti abwere adzagwade.

Ndiye pakati pa phokoso lonselo, m'khonde: kho, kho, kho. Anthu anali thithithi koma nsapatozo zinkadutsa osapempha njira. Zinaima pakhomo, zinalowa, zinazungulira kumbuyo kwa mpando. A Tong anamva fungo la mankhwala a njenjete amene a Ngan ankaika m'mabokosi a zovala. Dzanja linatera paphewa, lopepuka, lodziwika bwino, osati lozizira ngati mmene anthu amanenera.

"Achimwene a Tong, zatha. Dzukani, kwanu akukudikirani."

M'mawumo munalibe nkhanza ngakhale pang'ono, ndipo n'chimene chinawapweteka. Miyendo inayamba yokha, anamva thupi likunyamuka pampando. Anaugwira mpandowo ndi manja onse mpaka zikhadabo zinalowa m'thabwa, n'kuchita chimene ankachidziwa kuposa munthu aliyense mumzinda wonsewo, kusagwedezeka. Anakumbukira nyerere m'khutu, dzuwa pamsana, mbama ija, ndipo anaumitsa thupi monga ankachitira kamera ikamalira.

Patsogolo pawo Lai-sim anagwada ndi mwamuna wake, atavala zofiira zokhazokha. Anatenga kapu ndi manja awiri, anadzutsa maso, maso akewo n'kudutsa pankhope ya bambo ake kupita pakhoma. A Tong anafuna kukuwa kuti ndili pano mwanawe, koma kutsegula pakamwa kukanakhala kuyankha. Dzanja lija linafinya pang'ono.

"Achimwene, mwagona mokwana."

Lai-sim anatsinzina. Anatambasula kapu kutsogolo ngati wosaona, pang'onopang'ono, mpaka inagunda pachifuwa cha bambo ake, tiyi n'kutayikirako pa jekete. Atatsegula maso anali akuwayang'ana m'maso mwenimweni, misozi ili mbwembwembwe.

"Ndinaliona dzina lanu pa chikwangwani," ananong'ona. "Munafa osandibweretsera switi, ababa. Ndagula ndekha." Kenako anakweza mawu kuti onse amve. "Ababa, imwani tiyi."

Kuti alandire kapuyo anayenera kuusiya mpando. Anasiya dzanja limodzi, kenako linalo. Pansi pa kapu, pakati pa tizipatso tofiira timene amaika mu tiyi wa ukwati, panali switi ya kokonati itayamba kusungunuka. Anamwa. Lilime linapsa. Tiyiyo anali wotsekemera mopitirira muyezo, woipa ndithu, pakuti kokonati ndi tiyi sizigwirizana, koma a Tong anamwa yense n'kutafuna kotsalako akulira ngati mwana, mayi wa mwambo uja akuuza anthu kuti taonani chikondi cha bambo.

Dzanja linachoka paphewa. Nsapato zinazungulira mpando, zinatuluka, zinatsika masitepe osafulumira. Pakhomo panatsala kaenvulopu kofiira kali ndi fumbi la simenti. Alendo atapita a Sau-kuen anakatola ndi chopanira makala n'kukaika m'chitini pamwamba pa kabati. Kukataya anaopa, kukawotcha anaopanso.

A Tong sanafenso m'filimu. Ankawatenga kukhala mlonda, wogulitsa phala, munthu wodutsa kumbuyo kwa ngwazi, ndipo mafilimu a mtundu umenewo atayamba kutha anakhala mlonda weniweni pa nyumba ina ku Sham Shui Po. Filimu ya zingwe za nsapato ija inaonetsedwa masiku owerengeka. Iwo sanakaionere, koma amene anaionera amati bwana Szeto anawaikirabe mawu a munthu wina. Anaona zidzukulu, anakalamba mpaka mano kutha. Tulo ta masana ankagona chokhala pampando, ndipo ankanenetsa kuti wowadzutsa akhale mkazi wawo kapena mwana wawo, wina aliyense ayi.

Tsiku lina lotentha, a Sau-kuen ali kumsika, Lai-sim anabwera kudzawaona n'kuwapeza atagona pansi cham'mbali, tsaya pa simenti, bwinobwino ngati kale. Chitini chija chinali patebulo chotsegula. Kaenvulopu kanali m'dzanja lawo lamanja, kong'ambidwa, kandalama mulibe. Mwini kaokala wa pansi analumbira kuti madala sanatsike tsiku limenelo, ndipo tonse tikudziwa kuti miyendo inali itawakana kalekale. Koma m'dzanja linalo munali kapepala ka switi kopanda kanthu, ndi switi ina yosamasula. Lai-sim anagwada, anawagwira paphewa, anawaitana kamodzi kokha. Kenako anatenga switi yake.